Geni yathu ya mapulojekita ndi ma artist a vidiyo

Bizinesi yathuyi ndi ya ine ndi achimwene anga kuno ku Blantyre, timabwereketsa pulojekita, masipika, mabatire ndi invata, komanso timakamanga tokha malo oonetserapo. Tinayamba ndi vidiyo sho ya mpira mu kachipinda ka lendi, kenako maukwati ndi zinkhoswe, ndipo mpaka pano ndalama ya lendi ndi ya ndiwo imachokera kumeneko. Koma ntchito imene mtima wanga uli ndi ya ma artist amene amapanga vidiyo, ma installation (zaluso zoyalidwa m'malo moti anthu azizizungulira poonera) ndi performance (pamene artist amaonetsa luso ndi thupi lake pamaso pa anthu).

Tinalowamo chifukwa cha mtsikana wina wophunzira zojambula amene ankafuna kuonetsa kavidiyo kake ka manja a amayi ake akupeta chimanga, pamodzi ndi malichero enieni atapachikidwa pa zingwe kuti chithunzi chizigwera pa malicherowo. Ndiye apa mpomwe tinaona kuti ntchitoyi ndi ina. Pa ukwati umangoloza pulojekita ku khoma basi, koma apa munthu akukuuza kuti chithunzi chithere ndendende m'mphepete mwa lichero, waya asaoneke ngakhale mmodzi, sipika ibisike, ndipo vidiyo ikatha iyambirenso yokha tsiku lonse popanda wina kukhudza laputopu.

Zimene zimavuta kwambiri ndi mdima ndi magetsi. Maholo athu ambiri ali ndi mawindo akuluakulu ndiye masana chithunzi chimayera mbee, tinachita kusoketsa makatani akuda okhuthala kwa telala ndipo timawanyamula kulikonse. Magetsi akazima jenereta sitiifuna ayi, imasokosa, vidiyo ina mawu ake ndi mpweya wa munthu kapena phazi likuponda fumbi, jenereta ikalira zonsezo zapita. Ndiye tinasonkha pang'onopang'ono kugula mabatire ndi sola, ndipo vidiyo timaiyika pa fulashi mu kamakina kakang'ono kamene sikadya moto ngati laputopu. Performance nayo ili ndi zake, munthu akuyenda pakati pa anthu, suungamuuze kuti imani apa pali nyali, iweyo ndi amene umamutsatira ndipo sizibwerezedwa, ukaphonya waphonya.

Ena amati zimenezi ndi za azungu, ine ndimakana. Onani a Samson Kambalu, artist wa ku Malawi konkuno, anaphunzira ku Chancellor College ku Zomba, timafilimu tawo ta Nyau Cinema tosapitirira mphindi imodzi tinachokera ku Gule Wamkulu komanso ku mafilimu amene ankaonera ali mwana kuno kumudzi, ndipo mu 2015 ntchito yawo inaonetsedwa ku Venice Biennale, chionetsero chachikulu cha zaluso cha ku Italy. Mu 2022 chiboliboli chawo cha Antelope chinaima ku Trafalgar Square ku London, John Chilembwe atavala chipewa pambali pa mmishonale John Chorley, kuchokera pa chithunzi cha 1914, nthawi imene munthu wakuda sankaloledwa kuvala chipewa pamaso pa mzungu. Munthu amene anakulira pa bwalo la gule sachita kuuzidwa kuti performance ndi chiyani, amadziwa kuti thupi, nsanza, fumbi ndi anthu oonerera zonse ndi mbali ya nkhani. Ndaonapo agogo ataima nthawi yayitali patsogolo pa malichero aja osafunsa funso ndi limodzi lomwe.

Ndalama ndi zochepa, zimenezo sindibisa. Ma artist ambiri amalipira za m'thumba mwawo, ndiye kwa ophunzira timadula mtengo ndipo ena timagwirizana kuti atijambulire zotsatsa zathu m'malo mwa ndalama. Babu la pulojekita likapsa timaitanitsa ku Johannesburg ndipo ndi mavuto a forex limabwera mochedwa komanso lodula. Panopa tikusunga kuti tipeze pulojekita yoponya chithunzi chachikulu ili pafupi ndi khoma, kuti anthu akamayandikira mithunzi yawo isamaphimbe vidiyo, komanso tikuphunzitsa anyamata awiri a m'dera lathu kumanga ndi kumasula zidazi kuti tizitha kugwira malo awiri tsiku limodzi.