Kambalame kosamanga chisa, kamangoika dzira panthambi basi

Masiku atatu tsopano ndikungoonera mavidiyo a kambalame kena koyera mbee kotchedwa white tern, asayansi amati Gygis, ndipo bando yanga yathera pomwepo koma sindikudandaula ayi. Kamakhala kuzilumba zotentha za m'nyanja zikuluzikulu zamchere, Pacific, Indian Ocean, ngakhalenso Atlantic monga ku Ascension ndi St Helena. Kutalika kwake ndi masentimita 30 basi, mlomo wakuda wosongoka, maso amaoneka aakulu chifukwa cha tinthenga takuda tozungulira diso.

Chandizunguza mutu ndi ichi: sikamanga chisa. Olo kaudzu kamodzi, ayi. Kamangosaka nthambi yokhala ndi kamphanda kapena kadzenje pang'ono, n'kuikira dzira limodzi pomwepo, pamtetete, mphepo ikuomba mtengo ukugwedera uku ndi uku. Poyamba ndinkati aaa uwu ndi ulesi weniweni, mbalame zinzake zikuvutika kutola timitengo tsiku lonse iko kali phee. Koma ndaonera mmene bambo ndi mayi amasinthirana kufungatira kwa masiku 35 kapena kuposerapo pang'ono, wina akunyamuka mwapang'onopang'ono kuti asakhudze dzira winayo akukhalapo mosamala ngati wanyamula madzi odzadza m'kapu, ndiye mawu oti ulesi aja ndawabweza. Akatswiri ena amaganiza kuti kusakhala ndi chisa kumakathandiza kupewa nkhupakupa ndi tizilombo tina timene timaswana m'zisa za mbalame zokhala mothithikana. Ine zikundimvekera. Chimphepo chikagwetsa dziralo, sipapita nthawi yaitali, kamaikira lina.

Nanga kamwanako! Kamaswa kali kale ndi mapazi amphamvu ndi zikhadabo zakuthwa, kamakakamira nthambi kuti gwa, makolo atapita kunyanja iko kali kokhakokha pamwambapo. Akamabwera amabwera ndi tinsomba tingapo atatindandalika mopingasa kumlomo, tinayi kapena kuposa, ndipo ndabwereza vidiyo ina kasanu kufuna kuona kuti kachitatu amakagwira bwanji osataya tiwiri toyambato. Sindinaonebe.

Adani ake enieni ndi amphaka ndi makoswe obwera ndi anthu kuzilumbako, ndiye ndinadabwa kumva kuti ku Honolulu, mzinda waukulu wa kuzilumba za Hawaii, kamaswana m'kati mwa tauni momwe, m'mitengo ya m'mbali mwa misewu magalimoto akudutsa pansi. Mu 1961 kunapezeka banja limodzi lokha likuswana kumeneko, zinachulukana, mpaka mu 2007 anakasankha kukhala mbalame ya mzindawo. Dzina lake la Chihawaii ndi manu-o-Kū.

Koma chimene chandikhudza kwambiri ndi cha anthu a ku Polynesia, zilumba za m'nyanja ya Pacific, oyendetsa mabwato opanda kampasi kapena GPS. Kambalameka kamachoka kumtunda m'mawa kupita kukasaka nsomba, kamatha kufika makilomita pafupifupi 200, madzulo n'kubwerera kukagona. Ndiye woyendetsa bwato akakaona dzuwa likulowa amangotsata komwe kakulowera, ndiye kuti chilumba chili komweko. Ndipo akakaona katanyamula nsomba kumlomo sayang'ananso nthawi, kaya ndi m'mawa kaya masana, amadziwa kuti kakupita kumtunda, kuli kamwana kakudikira panthambi paja.