Tinapempha zaka zisanu, tinapatsidwa chimodzi

Lolemba pa 18 Malichi 2024 mitengo ya cherry inali itachita maluwa mu Washington, koma muofesi mwathu munalibe amene anali ndi mpata wokaiona. Ndinapeza abwana atafika kale, jekete atavula, ataima pa bolodi lomwe timalembapo mayina a aphungu. Dzina lililonse lili ndi nambala pambali. Wa 1 ali nafe ndi mtima wonse, wa 5 sangatimvere ngakhale titagwada. Thukuta lathu lonse limathera pa a nambala 3, aja amene mtima wawo uli kuno koma mantha awo ali uko.

Ndimagwira ntchito pa kampani yaing'ono ya ma lobbyist kufupi ndi K Street, msewu wodziwika ndi makampani otere. Kwathu ndikamafotokoza ndimati timalipidwa kuti tizikaonana ndi aphungu ndi antchito awo, n'kuwakopa kuti lamulo lilembedwe mokomera amene watituma. Ife timayenda kwa a chipani cha Republican okha, a mbali ya conservative, ofuna misonkho yochepa, boma losalowerera pa chilichonse, ndi ulemu pa banja ndi chipembedzo. Otituma ambiri ndi a bizinesi. Koma sabata imeneyi yonse tinaipereka kwa mgwirizano wa mipingo yomwe ili ndi zipatala za mishoni mu Africa, ndipo nkhani yawo inali PEPFAR, pologalamu ya boma la America yolimbana ndi Edzi m'maiko ena.

Munthu amene anakulira ku Malawi m'zaka za m'ma 1990 sasowa kumufotokozera chifukwa chomwe nkhaniyi imandigwira pakhosi. Ndinaona mabokosi a maliro akugulitsidwa m'mbali mwa msewu ku Lilongwe ngati mipando. Achemwali anga akulu anayamba kumwa ma ARV pa chipatala cha mishoni ali mafupa okhaokha, ndipo lero akulera zidzukulu. PEPFAR anaiyambitsa George W. Bush mu 2003 ndi madola 15 biliyoni a zaka zisanu, ndipo Congress, nyumba ya malamulo ya America, inaionjezera moyo mu 2008, 2013 ndi 2018, zipani zonse zikugwirizana. Mu 2023 mgwirizanowo unasweka. Phungu wa Republican Chris Smith wa ku New Jersey, yemwe iye mwini anatsogolera lamulo la 2018, anati boma la Biden likugwiritsa ntchito pologalamuyi kulimbikitsa kuchotsa mimba, ndipo anafuna kuti mabungwe onse olandira ndalamazo amangidwe ndi Mexico City Policy, lamulo la Reagan la 1984 loletsa mabungwe akunja olandira thandizo la America kuchotsa mimba kapena kulimbikitsa kutero. A Democrat anakana. Pa 30 Sepitembala 2023 zigawo zina za lamulolo zinatha ntchito. Ndalama sizinaime, koma zotetezera zina zinagwa, monga chigawo cholamula kuti 10 peresenti ipite kwa ana amasiye ndi ana ovutika. Mpata wathu wotsiriza unali bilu yaikulu ya bajeti yomwe inkayenera kudutsa pofika Lachisanu pakati pa usiku, apo ayi nthambi zambiri za boma zitsekedwe.

Lachiwiri tinalandira alendo anayi ochokera kumadera a aphungu a nambala 3: abusa atatu ndi namwino wina wopuma yemwe anagwirako ntchito ku Zambia zaka zambiri. Phungu amamva bwino mawu a munthu amene amavota kwawo kuposa a ife ovala masuti. Tisanatuluke, abwana anawakhazika pansi n'kuwauza zomwe amauza aliyense. Mphindi ndi khumi ndi zisanu basi. Pepala ndi limodzi. Pempho ndi limodzi. Ndipo chomwe simunachione ndi maso anu musachilumbirire.

Tinayenda m'nyumba za Cannon, Longworth ndi Rayburn, momwe muli maofesi a aphungu, kudzera m'makonde a pansi pa nthaka, misonkhano isanu ndi iwiri tsiku limodzi. Phungu weniweni tinakumana naye kamodzi kokha. Ena onse anali antchito awo, anyamata ndi atsikana osafika zaka 30, aliyense atasenza nkhani za zaumoyo, zaulimi ndi zakunja pamodzi. Alendo ambiri amakhumudwa nazo, koma amene amalemba kapepala komwe phungu amawerenga akuthamangira kukavota ndi achinyamata omwewa.

Msonkhano womwe sindiuiwala unachitikira pakhonde ku Longworth, titaimirira, chifukwa muofesimo munalibe malo. Mtsikana wogwira ntchito kwa phungu wa muofesimo anafunsa mosazungulira: kodi mungatitsimikizire kuti palibe ngakhale senti imodzi yomwe ikupita ku kuchotsa mimba? Ndinaona mmodzi wa abusa akukoka mpweya kuti alumbire, kenako anakumbukira mawu a m'mawa aja n'kuyang'ana ine. Ndinayankha kuti lamulo la Helms la 1973 limaletsa kale kugwiritsa ntchito thandizo la America pochotsa mimba ngati njira yolera, kuti mabuku a zipatala zotituma ndi otseguka kwa aliyense wofuna kuwafufuza, ndipo kuti za mabungwe ena m'maiko oposa 50 sindingazilumbirire, koma ngati pali wophwanya lamulo agwidwe iyeyo. Ndinamukumbutsanso kuti lamulo la 2003 analitsogolera mu House, imodzi mwa nyumba ziwiri za Congress, ndi Henry Hyde, munthu amene dzina lake lili pa lamulo lodziwika kwambiri loletsa ndalama za boma kulipira kuchotsa mimba, komanso kuti Jesse Helms mwiniwake mu 2002 ananena poyera kuti akuchita manyazi posachitapo zambiri pa Edzi. Namwino uja anafotokoza za amayi oyembekezera omwe amamwa mankhwala kuti mwana abadwe wopanda kachilombo. Anati iye sadziwa ntchito ina yoteteza mwana wosabadwa yoposa imeneyo.

Mtsikanayo analemba zonse, kenako anatseka kope n'kutsitsa mawu. Anati bwana wake zonsezi amazidziwa ndipo alibe nazo vuto. Vuto ndi chisankho cha chipulula. Mabungwe ena akuluakulu olimbana ndi kuchotsa mimba anali atachenjeza kuti voti yoonjezera PEPFAR popanda Mexico City adzaiika pa ndandanda womwe amachongera aphungu. Kudera komwe Republican amapambana chisankho chachikulu mosavuta, phungu saopa wa Democrat. Amaopa mnzake wa chipani chomwecho wobwera ndi kapepala konena kuti uyu anatsika malikisi pa nkhani ya moyo.

Ine ndinakulira mu mpingo ndipo kuchotsa mimba sindigwirizana nako. Sindinabwere ku kampani ino mwangozi. Chris Smith sindimuona ngati wachinyengo, nkhondo imeneyi waimenya moyo wake wonse. Koma ndikukhulupirira kuti analakwitsa pomangirira mankhwala a anthu mamiliyoni ku mkangano womwe a Democrat sakanagonja pomwe anali ndi Senate, nyumba inayo ya Congress, ndi White House. Kulimbana ndi a chipani china n'kosavuta. Chomwe chimalemera ndi kuuza anthu omwe umapemphera nawo Lamlungu kuti apa aphonya.

Lachitatu m'mawa abwana anapita ku msonkhano wa Grover Norquist ku bungwe lake lolimbana ndi kukweza misonkho la Americans for Tax Reform, komwe magulu a conservative akhala akukumana Lachitatu lililonse kuyambira 1993. Zokambidwa kumeneko satuluka nazo. Atabwerako anandiitana kuti tikadye limodzi, zomwe sachita kawirikawiri, ndipo anayamba kukamba za moyo wawo.

Iwo anayamba ndale mu 1984 ali mnyamata, akugogoda zitseko pa kampeni ya Reagan, chaka chomwe Reagan anatenga zigawo 49 mwa 50. Anagwirapo ntchito muofesi ya phungu, kenako anakhala wokonza njira za kampeni: kuwerenga kafukufuku wa maganizo a ovota, kusankha nkhani imodzi yoti wopikisana aziibwereza mpaka anthu ailoweze, kudziwa khomo loti agogodepo ndi loti alidumphe. Mu 1994, pomwe Newt Gingrich anatsogolera a Republican kulanda mipando 54 n'kutenga House koyamba patatha zaka 40, abwana anali mkati mwake. Pambuyo pake anthu omwe anawathandiza kupambana anasanduka apampando a makomiti, ndipo makampani anayamba kufunafuna munthu amene foni yake imayankhidwa. Ndimo mmene anthu ambiri amalowera ntchito imeneyi. Anaonanso kugwa kwa Jack Abramoff, lobbyist yemwe anavomera milandu ya katangale mu Januwale 2006, ndi lamulo la 2007 lokhwimitsa ntchito ya ma lobbyist lomwe linatsatira. N'chifukwa chake ine lero sindingagulire wantchito wa phungu nkhomaliro, ndipo miyezi itatu iliyonse timalemba ku boma kuti watilipira ndani, zingati, pa nkhani yanji.

Anati wokonza kampeni amafufuza chomwe wovota akuopa, pomwe lobbyist amafufuza chomwe phungu akuopa, ndipo ntchito ziwirizi ndi mapasa. Kenako anakhala chete kanthawi. Anati timapepala tija ta malikisi, tomwe mtsikana wa ku Longworth ankanena, iwo anatilembapo tambiri m'zaka zawo za kampeni, ndipo anagwetsa nato aphungu a chipani chawo chomwe, ena mwa iwo anthu abwino. Mpeni womwe ukutitchinga lero anaunola nawo. Sanapepese ndipo sanadzitame. Anangoti popeza akudziwa mmene kapepala kotero kamalembedwera, akudziwanso chomwe chingakalepheretse: voti isakhale ya PEPFAR payokha. Ikabisala mu bilu ya bajeti, momwe mulinso malipiro a asilikali, palibe angaloze phungu chala pa nkhani imodziyi. Choncho pempho lathu kwa a nambala 3 silinali lakuti atiimirire poyera. Linali lakuti atsogoleri awo akawafunsa mwakachetechete, anene kuti sadzakana bilu chifukwa cha chigawo chimenechi. Madzulo onse ndinali pa foni kupempha chinthu chaching'ono chimenecho.

Bilu inatuluka Lachinayi usiku kusanache, cha m'ma 3 koloko. Ndinali nditagona pa sofa foni ili pachifuwa. Masamba 1,012, ndalama zokwana madola 1.2 thililiyoni. Ndinatsegula kompyuta n'kuyamba kusaka. Mawu oti PEPFAR sathandiza kwenikweni posaka, chifukwa lamulo limalankhula chilankhulo chake: fufutani deti ili m'ndime yakuti ya lamulo la 2003, ikanipo ili. Ndinayala lamulo lakalelo pambali n'kumafananiza ndime ndi ndime, manja akunjenjemera. Deti latsopano linali 25 Malichi 2025. Ndinabwerezanso kusaka kuti ndione ngati pena pake aikapo chingwe cha Mexico City. Munalibe. Chigawo cha ana amasiye chinabwerera. Ndalama zopita ku Global Fund, thumba la maiko ambiri lolimbana ndi Edzi, TB ndi malungo, zinatsika kufika pa madola 1.65 biliyoni, chifukwa lamulo silinkalola America kupereka koposa gawo limodzi mwa magawo atatu a thumba lonselo.

Ndinaimbira abwana nthawi yomweyo. Anamvetsera, n'kufunsa funso limodzi lokha: mwawerenga kawiri? Nditavomera anati tilembere otituma kusanafike 7 koloko, ndipo tisalembe mawu oti tapambana. Anali ndi chifukwa. Mgwirizanowu anaupanga ndi atsogoleri ochepa m'chipinda chomwe ife sitinalowemo, ndipo magulu ambiri anakankha nawo, ngakhale Bush mwiniwake anali atalemba m'nyuzipepala kupempha zaka zisanu. Gawo lathu linali kuonetsetsa kuti mayina angapo pa bolodi paja asasanduke chopinga. Komanso chaka chimodzi si zaka zisanu. Woyang'anira chipatala cha mishoni amene akufuna kulemba ntchito namwino kapena kugula makina oyezera magazi amafuna kudziwa za zaka zitatu zikubwerazo. Unduna wa zaumoyo nawonso umaona chizindikiro chimenechi n'kuyamba kudzifunsa ngati mnzawoyu adzakhalapo mawa.

Lachisanu House inavota mwa njira yofuna magawo awiri mwa atatu. Tinaonera pa wailesi yakanema muofesi, tonse titaimirira. Zinathera 286 kwa 134. A Republican ovomera anali 101, okana 112, ndipo phungu wa Republican Marjorie Taylor Greene anapereka pepala lofuna kuchotsa sipikala Mike Johnson tsiku lomwelo. Abwana anatenga cholembera n'kuyamba kufananiza mavoti ndi bolodi lathu. Phungu wa mtsikana wa ku Longworth uja anavota kukana, pa zifukwa za malire a dziko ndi ngongole ya boma. Ndinakwiya. Abwana anati ndimulembere mtsikanayo uthenga womuthokoza chifukwa chotiuza zoona Lachiwiri, popeza tidzamufunanso.

Senate inavota Loweruka cha m'ma 2 koloko usiku, 74 kwa 24, ndipo Biden anasaina tsiku lomwelo. Ku Malawi inali 8 koloko m'mawa. Ndinaimbira achemwali pa WhatsApp, ndinawapeza akuchokera kumunda kokaona chimanga chomwe chinapsa ndi ng'amba ya chaka chimenecho.

"Achimwene, simunagone?"

"Ayi achemwali, timadikira voti. Nkhani ija ya mankhwala yadutsa, koma atipatsa chaka chimodzi chokha."

Anakhala chete pang'ono. "Fodya wako ndi amene ali pamphuno. Nanga chakacho chikatha?"

"Tidzapitanso kukapempha."

"Mudzawauze kuti ine ndili moyo. Mudzawaonetse chithunzi chija cha pa ubatizo wa mdzukulu wanga."

Nditadula foni ndinatsegula kalendala ya ofesi n'kulembapo masiku awiri: 20 Epulo, tsiku lomwe lipoti lathu la miyezi itatu limafunika ku boma, ndi 25 Malichi 2025. Bolodi la mayina lija abwana anati tisalifufute.