Mmene ndinawalitsira khoma la laibulale kwa masabata atatu

Ine ndinaphunzira zojambula mapulani a nyumba, koma chinandipatutsa ndi zimene waluso wa ku Poland, Krzysztof Wodiczko, anachita ku London mu 1985. Anamulola kuonetsa chithunzi pa chipilala cha Nelson ku Trafalgar Square, iye n'kutembenuza pulojekita, n'kuwalitsa chizindikiro cha chipani cha Nazi pa ofesi ya kazembe wa South Africa potsutsa ulamuliro watsankho. Patangotha maola awiri apolisi analetsa. Sanakhome msomali, sanapake penti, koma uthenga unamveka. Choncho khonsolo ina italengeza kuti ikufuna waluso wokongoletsa khoma la laibulale ndi kuwala, ndinalembera tsiku lomwelo.

Ganizo lenilenilo silinanditengere nthawi. Munthu akamadutsa, mthunzi wake uzisanduka zilembo zoyenderera pakhoma. Basi. Komiti inalikonda, ndipo mafunso ake onse anali a zina: ndani adzalipira zipangizo zikagwera munthu, magetsi adzachokera kuti, nanga kamera yoona odutsawo idzasunga nkhope za anthu? Funso lomalizali linandisinthitsa chipangizo. M'malo mwa kamera wamba ndinasankha sensa yoyeza mtunda, imene imaona kuti pali thupi pamenepa koma sidziwa kuti ndi la ndani. Inshulansi ndi kalata ya injiniya wa zamagetsi zinadya mwezi wathunthu.

Kenako khoma. Apa m'pamene sukulu ya mapulani inandipulumutsa. Mapulani akale amene anandipatsa ankanama: zenera lina linatsekedwa ndi njerwa kalekale, ndipo paipi ya madzi a mvula sinalimo n'komwe. Ndinajambula khomalo zithunzi zambirimbiri kuchokera mbali zonse, kompyuta n'kuziphatikiza kukhala chifanizo cha 3D, koma ngodya zonse ndinaziyezanso ndi tepi. Sindikhulupirira makina ndisanagwire khoma ndi manja.

Pulojekita iliyonse ili ndi nambala yotchedwa throw ratio, yomwe ukaichulukitsa ndi m'lifupi mwa chithunzi imakuuza pokaima. Khoma langa linali la mamita 12, throw ratio ya lenzi ya pulojekita 1.5, ndiye kuti mamita 18. Nditayeza, mamita 18 anathera pakati pa msewu! Ndinabwereka lenzi ya 0.8, mtunda n'kutsika kufika pafupifupi mamita 10, pakapinga. Dziwaninso kuti chithunzi chikakula kawiri m'litali ndi m'lifupi, kuwala kwake kumatsala gawo limodzi mwa magawo anayi. Njerwa zofiira zimameza kuwala, galasi limangokudutsitsa. Usiku woyamba kuyesa, pulojekita ya ma lumen 20,000 (lumen ndi muyeso wa kuwala) inkaoneka ngati tochi yotha mabatire chifukwa cha nyale ziwiri za mumsewu. Kuzimitsa nyalezo a khonsolo anakana, ndipo sanalakwitse, anthu amayenda pamenepo. Tinagwirizana zozitchinga mbali yoyang'ana khoma yokha. Mitundu yakuda ndinaisiya, ndinatsala ndi zilembo zoyera ndi zachikasu.

Kulunzanitsa chithunzi ndi khoma ndinachita pa pulogalamu ya pakompyuta yotchedwa MadMapper, ndili chikhalire pa mpando wapulasitiki mpaka 2 koloko m'bandakucha, kukoka ngodya imodziimodzi kuti chilembo chisagwere pazenera. Zilembo zoyenda zonse zinali mu pulogalamu ina yotchedwa TouchDesigner. Ndinaonetsetsa kuti pasakhale kuthwanima kopitirira katatu pa sekondi, chifukwa kumatha kugwetsa munthu wodwala khunyu.

Cholakwa changa chachikulu chinali bokosi losungiramo pulojekita. Poopa mvula ndinalitseka ndithu, osasiya mpata wokwanira wa mpweya. Usiku wachitatu pulojekita inatentha n'kudzizimitsa yokha anthu ali pomwepo, wina n'kufuula kuti, "Zatha kodi?" M'mawa mwake ndinaboola, n'kuika mafani awiri, ina yokoka mpweya ina yotulutsa, ndi sefa yotchinga fumbi. Ndinalembanso pepala la mizere inayi n'kumata mkati mwa chitseko, kuti mlonda azitha kuyatsanso popanda kundiimbira foni.

Chimene sindinachiganizire n'komwe ndi kangaude. Tizilombo touluka tinkathamangira kuwala, iye n'kuluka ukonde kutsogolo kwa galasi la bokosi, pomwe chakudya chili. Pakhoma ankaoneka ngati chimthunzi chachikulu chosalongosoka, chikusuntha pang'onopang'ono pakati pa zilembo. Ndinkamuchotsa madzulo aliwonse ndi kaburashi, iye n'kubwerera. Sabata yomaliza mwana wina anandifunsa kuti chilombocho ndinachipanga bwanji, ndipo kuyambira tsiku limenelo kaburashi ndinkakasiya m'thumba.