Theo Lingen, wantchito wa m'nyumba wa m'mafilimu achijeremani

Teremu ino pa kosi yathu ya zisudzo atipatsa asayimenti yoti aliyense asankhe wosewera mafilimu yemwe sankakhala pakati pa nkhani, uja amangolowa kunena mawu atatu n'kutuluka, ndiye timufufuze mpaka pansi. Anzanga ambiri athamangira ku Hollywood, ine poti ndikulimbanalimbananso ndi Chijeremani ndatenga Theo Lingen.

Mkuluyu anabadwira ku Hannover m'dziko la Germany mu 1903, dzina lake lenileni Franz Theodor Schmitz, ilo la Lingen analitenga ku tauni komwe bambo ake anabadwira. Anasewera mafilimu oposa 200 ndipo ambiri mwa amenewo anali wantchito wa m'nyumba ya bwana, weta, kalaliki, basi anthu otumidwatumidwa. Ankadziwika ndi zoseketsa, koma sikuti ankasewera zokhazo ayi. Mu filimu ya dayirekita Fritz Lang yotchedwa M ya 1931 ali m'gulu la zigawenga za mumzinda zomwe zakhala patebulo, utsi wa fodya uli tolotolo, kupangana zosaka wopha ana uja Peter Lorre anasewera, chifukwa apolisi akuzisokonezera bizinesi. Lang anamutenganso mu 1933 pa filimu yonena za chigawenga Dr. Mabuse.

Chandigwira mtima kwambiri ndi mmene ankagwiritsira ntchito mphindi zochepa zomwe wapatsidwa. Mawu ake ankatulukira m'mphuno, thupi lili chilili ngati wameza ndodo, ndiye bwana akamuuza zopanda nzeru sayankha pompo, amadikira kaye kamphindi, n'kukweza nsidze, kenako "inde bwana" waulemu wonse koma iwe woonera wadziwa kale kuti wanzeru m'nyumbamo ndani. Ndakhala ndikubweza tizigawo timeneti pa foni nditatseka saundi, ndipo nthabwala yake imamvekabe. Akamuphatikiza ndi Hans Moser wa ku Vienna, wamfupi wolankhula zong'ung'udza mawu osamveka bwino, ndiye eee, mmodzi akuwira wina ali zii kuwongola jekete.

Pa pulakitiko sabata yatha ndinali weta wa mizere iwiri yokha, ndinayesako kudikira kuja ndisanayankhe, thireyi ili m'manja, anthu anaseka ndisanatsegule n'kamwa komwe. Aphunzitsi anangoti ndisazolowere, ndikachulutsa ndimuphera sewero mnzanga.

Pomwe pandivuta kulemba ndi nthawi ya chipani cha Nazi. Mu 1928 Lingen anakwatira Marianne Zoff, woimba opera yemwe poyamba anali mkazi wa Bertolt Brecht, mlembi wa zisudzo wotchuka wa ku Germany, ndipo analera nawo mwana wa Brecht, Hanne. Mayiyu anali ndi magazi achiyuda, zomwe pa malamulo a nthawiyo zikanatha kumuthetsera mwamuna wake ntchito, ena ankasiya akazi awo kuti apulumuke koma iye sanatero, anapitiriza kusewera ndi chilolezo chapadera. Ndiye mbali imodzi kuseketsa anthu kuja n'komwe kunatchinjiriza banja lake, mbali inayo mafilimu oseketsa omwewo ndi amene unduna wa Goebbels, nduna ya zofalitsa nkhani ya boma la Nazi, unkafuna kuti anthu aiwaleko nkhondo. Ine sindikufuna kumusandutsa ngwazi mu pepala langa, komanso kumuweruza ndili phee pampando kuno ndikuona kuti n'kophweka mopitirira muyeso.

Nkhondo itatha anakhala nzika ya Austria mu 1946. Kuyambira 1968 mpaka 1972 achinyamata anamudziwa ngati hedimasitala Dr. Taft m'mafilimu a ana asukulu ovutitsa aphunzitsi, ndipo zaka zake zomaliza ankaonekanso pa TV ya ZDF akulankhula mawu otsegulira mafilimu a Laurel ndi Hardy, azisudzo awiri oseketsa akale a ku Hollywood. Anamwalira ku Vienna mu 1978. Kunena zoona mafilimu asukulu aja ena ndi opepuka zedi, amangobwereza zomwe anthu anazolowera kwa iye, moti pa pulezenteshoni Lachisanu ndionetsa kachigawo ka patebulo ka mu M kaja ndi kamodzi ka iye ndi Moser, za hedimasitala ndingozitchula podutsa.