Nyama ya m'nyemba

Ndikudziwa kuti mwamva kale, poti pakamwa pa mlamu wanga mpa wailesi. Akuti ndinadyetsa apongozi makala. Chabwino, koma musanayambe kunditchula "a Mbaula" pa gulu la WhatsApp, imvani kaye mbali yanga.

Nyembazo zinali kholophethe, zamawangamawanga zija, ndinakagula ndekha ku Zigwagwa. Ndinasankha bwinobwino, timiyala ndi zofumbwa kutaya, n'kuziviika usiku wonse. Mayi a Tadala popita ku depoti kukachingamira bambo awo ochokera ku Kasungu anangondiuza kuti madzi akamaphwa ndiziwonjezera otentha, tomato ndi anyezi pomaliza. Basi.

Koma anthuni, Julayi wa ku Mzuzu mumamudziwa? Kuno ku Chibavi nkhungu inali tolo, kamvula kowaza kosadziwika kumene kakuchokera. Nyemba zimafuna maola atatu pa moto wapang'onopang'ono. Ndani angakhale maola atatu maso ali pa poto? Ndinangoti mapazi okha alowe m'bulangete.

Anandidzutsa ndi a neba. "Achimwene, mukuwotcha matayala?"

Zapansi zinali zitasanduka phula. Zapamwamba ndinazipulumutsa, kuzikhuthulira m'poto wina, kukazinga anyezi, tomato wambirimbiri, msuzi n'kufiira bwino. Koma fungo linakana. Apa m'pamene ndinakumbukira nzeru ya agogo: mpunga ukapserera, amaikamo khala kuti liyamwe fungo. Ndinasankha khala lalikulu ndithu, kulitsuka ndi ulemu, n'kuliponyamo. Nzeruyo imagwira, ndikuuzeni. Kungoti pamafunika kulichotsa.

Apongozi anasamba m'manja, kupemphera, kutema nsima. Posunsa, chala chinagunda kanthu. Anakatembenuza. Chibulumwa chakuda, chavala msuzi, chikunyezimira mafuta. Nkhope yawo inawala.

"Aa, bambo a Tadala, mwavutikiranji ndi nyama mmene zinthu zadulira mu?"

Ndinayasama, mawu osatuluka. Ndipo mukudziwa mmene akuluakulu amadyera nyama: siyiyambidwa, imasungidwa. Anaikankhira pambali pa mbale ngati ndalama ya ku banki mkhonde. Mbamu iliyonse ankaisuzumira. Ntchentche inayesa kuterapo, anaikupiza. Tadala anatambasula dzanja, anamuuza kuti ana sadya ya akulu. Ine ntchinchi zitatu zonse ndinakhala ndikutuluka thukuta m'kati mwa chisanu chija, ndikupempha kuti akhute msanga, kapena denga ligwe.

Sanakhute. Anailemekeza ndi zala ziwiri, n'kuiponya m'kamwa yonse.

Khwerere!

Galu wa a neba anasiya kuuwa. Mayi a Tadala anandiyang'ana diso lija limene ndinaliona komaliza tsiku limene ndinaiwala mwana ku tchalitchi. Apongozi sanalavule, munthu wa ulemu wake. Anatafuna, kutafuna, kutafunanso, kumeza ndi madzi. Atamwetulira mano onse anali bii.

"Ng'ombe za ku Mzimba kulimba," anatero.

Ndiye dziwani kuti palibe anadwala, ndipo ku chipatala komwe makala amawagwiritsa ntchito ngati mankhwala, ngakhale mayi a Tadala akuti si amenewa. Komanso palibe aliyense patebulopo amene anadandaula za fungo lopserera. Zimenezo mlamu wanga sakunena.

Poto woyamba uja akadali kuseri kwa nyumba, tinamuviika m'madzi Lachiwiri. Ndayesa mchenga, ndayesa phulusa.