Liwiro la apolisi a Keystone linali m'dzanja la wojambula

Achinyamata amene mukujambula nthabwala pa foni kuno ku Joni, vuto lanu ndi chilankhulo. Mukayankhula Chichewa, Mzulu sakumva. Mukayesa Chizulu, akumudzi akuti mwayamba matama. Mafilimu aafupi opanda mawu analibe vuto limeneli. Munthu akaterereka n'kugwa chagada, aliyense amaseka.

Mack Sennett anatsegula Keystone, kampani ya mafilimu anthabwala yotchuka ndi apolisi othamangitsana ndi anthu, ku Los Angeles mu 1912, ndipo mafilimu oyamba a Charlie Chaplin anatuluka kumeneko mu 1914. Mpukutu umodzi wa filimu unali mafiti 1,000, mphindi 10 mpaka 15 basi.

Kamera inali yopukusa pamanja, ndipo kupukusa kawiri pa sekondi kunkajambula zithunzi 16. Pofika pothamangitsana, wojambula ankapukusa pang'onopang'ono mwadala, mwina zithunzi 12, kuti poonetsa apolisi aja azioneka ngati akuuluka, chonsecho galimoto inkangoyenda mwaulemu. Pa foni, jambulani mwachizolowezi, kenako chulukitsani liwiro la filimuyo ndi nambala ya pakati pa 1.3 ndi 1.5. Mukafika pa 2 thupi limapepuka ngati la chidole, kugwa sikuonekanso kowawa, ndipo palibe amaseka. Wosewerayo achedwetse nkhope: kudabwa kwa sekondi imodzi kumazimiririka mukafulumizitsa.

Foni ikhazikike malo amodzi, munthu aoneke kuyambira kumutu mpaka kumapazi. Musadule chithunzi pakati pa kugwa. Mu filimu ya One Week ya 1920, khoma limagwera wanthabwala Buster Keaton, iye n'kupulumukira pa windo. Zimakoma chifukwa maso aona zonse popanda chobisika.

Za keke yoponyerana kumaso, anthabwala awiri Laurel ndi Hardy anawononga makeke pafupifupi 3,000 mu filimu ya The Battle of the Century ya 1927. Inu ndalama zimenezo mulibe. Thovu lometera ndevu pa mbale yapepala limakwana, koma losakhala la menthol, ndipo wolandirayo atsinzine. Osaponya muli patali, mbale imatembenuka m'mwamba. Ifikitseni kumaso ndi dzanja. Thovu loyera pa malaya oyera silioneka, choncho avale zakuda.

Pogwa, chibwano pachifuwa, gwerani msana, mikono imenye pansi mofanana. Kutsamira pa zikhatho ndiko kumathyola dzanja. Ndipo musanamizidwe ndi udzu wa kupaki: mu June ndi July nthaka ya kuno imauma gwa ngati konkire. Yalani matiresi opyapyala, muwaphimbe ndi makatoni.