Ntchito ya osewera mafilimu olaula ku California

Mafilimu olaula ambiri a ku America akhala akujambulidwa ku San Fernando Valley, m'dera la Los Angeles. Chinatsegula njira ndi chigamulo cha mu 1988, pamene khoti lalikulu la California, pa mlandu wa wopanga mafilimu wina dzina lake Freeman, linati kulipira munthu kuti asewere mufilimu yotere si uhule.

Kamera isanayatsidwe, wopanga filimu amaona chiphaso cha wosewera chotsimikiza kuti wakwanitsa zaka 18, n'kusunga kope lake. Ili ndi lamulo lotchedwa 2257, ndipo wolinyozera akhoza kumangidwa.

Kenako pali kuyezetsa magazi ndi mkodzo. M'dongosolo la PASS, lomwe makampani a mafilimuwa amatsatira poona amene wayezetsa, wosewera amayezetsa HIV, chindoko, chinzonono ndi matenda ena opatsirana pogonana masiku 14 aliwonse. Masikuwo akapitirira, sajambulidwa. Wina akapezeka ndi HIV, makampani amaimitsa kujambula mpaka onse amene anagwira naye ntchito atayezedwa, monga zinachitikira mu 2004. Chovuta n'chakuti kachilomboka sikaoneka m'magazi tsiku lomwe kalowa, choncho kuyezetsa kokha sikuteteza kotheratu. Mu 2012 anthu a ku Los Angeles anavotera lamulo lotchedwa Measure B lokakamiza osewera kuvala makondomu, makampani ena n'kungosamukira kwina.

Pa ndalama m'pamene ongoyamba kumene amakhumudwa. Nthawi zambiri malipiro amakhala a gawo lomwe wajambula basi. Filimu ingagulitsidwe zaka khumi, wosewerayo salandiranso kanthu. N'chifukwa chake ambiri anathamangira ku OnlyFans, webusaiti yomwe anthu amalipira kuti aonere zithunzi ndi mavidiyo a wosewera, ndipo imadula 20 peresenti ya ndalamazo n'kusiyira wosewerayo zotsalazo.